Nyimbo yonyansa si mboni

Pa sukulu yathu ino nyimbo za rap zilibe malo, ndipo ambiri a ife sitidandaula nazo. Tinakulira mu Khristu mu Nyimbo, m'makwaya, ndi m'magulu a anyamata anayi oimba popanda choimbira chilichonse. Tikamva nyimbo yodzitama ndi mfuti, yotukwana amayi, yotamanda chamba, timazimitsa wailesi, ndipo ikakhala ya m'minibasi timangopirira mpaka titatsika. Nkhani ino sikufuna kusintha zimenezo. Koma pali filimu ina ya ku America imene ikufunsa funso loti ife ophunzira zauphunzitsi sitingalizembe: kodi nyimbo imene tikunyansidwa nayo ingakhale umboni wotsekera munthu m'ndende?

Filimuyo ndi As We Speak: Rap Music on Trial, yopangidwa ndi J.M. Harper. Inaonetsedwa koyamba pa chionetsero cha mafilimu cha Sundance mu Januwale 2024, ndipo mwezi wotsatira inayamba kupezeka pa Paramount+. Si sewero ayi. Ndi filimu ya zochitika zenizeni, ndipo maziko ake ndi buku la Rap on Trial limene Erik Nielson ndi Andrea Dennis anatulutsa mu 2019. Harper sanadziike yekha patsogolo pa kamera. Anatenga woimba wa ku Bronx, mumzinda wa New York, dzina lake Kemba, n'kumuyendetsa ku Atlanta, New Orleans, Chicago, Los Angeles mpaka ku London, akucheza ndi oimba anzake, maloya ndi ochita kafukufuku. Kulikonse kumene wafika nkhani ndi imodzimodzi. Apolisi amasonkhanitsa mawu a nyimbo, makope olembamo ndi mavidiyo a pa intaneti, ndipo oimira boma pa milandu amakawerenga mawuwo m'khoti ngati kuti woimbayo ankaulula mlandu. Malinga ndi filimuyi, zimenezi zachitika pa milandu yoposa 700 kuchokera m'zaka za m'ma 1990. Pafupifupi onse ozengedwa ndi anyamata akuda kapena a mitundu ya ku Latin America, ndipo ambiri ndi oimba osatchuka, opanda ndalama zolembera loya wamphamvu.

Ku New Orleans, Kemba amakumana ndi McKinley Phipps, amene pa nyimbo ankadziwika kuti Mac ndipo ankaimba pansi pa kampani ya No Limit Records. Mu Febuluwale 2000, pa malo ena azisangalalo ku Slidell m'boma la Louisiana, kumene Mac anapita kukaimba, panabuka ndewu ndipo mnyamata wa zaka 19 anawomberedwa n'kufa. Apolisi anamanga Mac, munthu amene anali asanapezekepo ndi mlandu uliwonse. Patangopita masiku ochepa, bambo wina wa m'gulu lomuteteza anapita yekha kupolisi kukanena kuti anawombera ndi iyeyo. Sanamukhulupirire. Palibe mfuti kapena chipolopolo chimene chinalumikizidwa ndi Mac. Chimene boma linali nacho ndi mboni zingapo, zimene patapita zaka zinadzanena kuti zinaopsezedwa, komanso nyimbo zake ndi dzina lake lodzitamira loti The Camouflage Assassin.

Apa ndi pamene tikufuna kuima pang'ono. Woimira boma anatenga mawu a m'nyimbo ziwiri zosiyana, n'kuwalumikiza kuti amveke ngati chiganizo chimodzi. Umodzi mwa mizereyo unkanena za bambo ake a Mac, amene anamenya nawo nkhondo ya ku Vietnam, koma m'khotimo unamveka ngati Mac akunena za iye mwini. Ku America mlandu waukulu umagamulidwa ndi jury, anthu wamba 12 osankhidwa m'deralo. Pa mlandu wa Mac onse anali azungu. Mu 2001, 10 mwa iwo anati ndi wolakwa, awiri anakana, ndipo popeza nthawi imeneyo Louisiana inkalola chigamulo chosagwirizana onse, anamupatsa zaka 30. Anatuluka mu 2021, bwanamkubwa John Bel Edwards atamuchitira chifundo, atakhala m'ndende zaka 21. Kuchitiridwa chifundo si kuyeretsedwa. Mlanduwo udakali pa dzina lake.

Wophunzira wa Fomu 3 atachita pa mayeso zimene anachita loya wa boma uja, tingamupatse zingati? Kudula mzere m'ndakatulo iyi, wina m'ndakatulo ina, kusintha amene akunenedwa, kenako n'kunena kuti ichi ndicho mlakatuli ankatanthauza: aliyense wa ife angalembe ziro ndi cholembera chofiira. Chinthu choyamba chimene timaphunzitsa pa ndakatulo n'chakuti woyankhula m'ndakatulo si mlakatuli. Bambo wandevu akhoza kulemba ngati mayi wamasiye. Mtsikana wa ku Area 25 akhoza kulemba ngati nkhalamba ya kumudzi imene ng'ombe zake zabedwa. Timaphunzitsa voko, kuti mawu okokomeza sayenera kuyezedwa pa sikelo. Phunziro lomweli limene timalipereka pa ndakatulo iliyonse, makhoti amalimana nyimbo za rap.

Ndipo sitifunika kupita kutali kuti tilimvetse. Amuna ovina ingoma amanyamula chishango ndi chibonga, amaponda pansi mpaka fumbi, akuimba za nkhondo zimene ngakhale agogo awo sanazione. Palibe amene amathamangira kupolisi. Mayi akamasinja amaimba nyimbo yolasa apongozi kapena mwamuna waulesi, ndipo mudzi wonse umadziwa kuti za pamtondo zimathera pamtondo. Timatha kusiyanitsa nyimbo ndi lumbiro pamene woimbayo ndi wathu. Luso limeneli limatithawa woimbayo akakhala munthu amene tinamuweruza kale mumtima.

Zimenezi zinayesedwa. Mu 1996 Carrie Fried, katswiri wa za maganizo a anthu, anatenga mawu a nyimbo yakale ya gulu la azungu la Kingston Trio yotchedwa Bad Man's Blunder, imene imasimba za munthu wowombera wapolisi. Anthu ena anawauza kuti ndi nyimbo ya country kapena ya folk, ena anawauza kuti ndi rap. Mawu anali omwewo, osasintha ngakhale chilembo. Amene anauzidwa kuti ndi rap ndiwo anati mawuwo ndi oipa kwambiri, oopsa, ofunika kuwaletsa. Patapita zaka 20, mu 2016, Adam Dunbar, Charis Kubrin ndi Nicholas Scurich anabwerezanso ntchitoyi ndipo anapeza zofanana, kuphatikizapo kuti anthu ankatenga mawuwo ngati nkhani yeniyeni ya woimbayo akauzidwa kuti ndi rap. Choncho loya akamawerenga nyimbo pamaso pa jury, chimene akudzutsa si nzeru zawo zoyezera umboni. Akudzutsa mantha amene analowa nawo kale m'khotimo.

Khoti lina linaziona. Ku New Jersey, Vonte Skinner anazengedwa mlandu wowombera munthu mu 2005, ndipo wapolisi anawerengera jury masamba 13 a nyimbo zake zimene anazipeza m'galimoto. Zambiri zinalembedwa kalekale kuwomberako kusanachitike, ndipo sizinatchule wovulalayo kapena tsatanetsatane wa zimene zinachitika. Mu 2014 Khoti Lalikulu la New Jersey linavomereza kuthetsedwa kwa chigamulocho, ndipo linapereka chitsanzo choti palibe amene amaganiza kuti Bob Marley anawomberadi mkulu wa apolisi chifukwa cha nyimbo yake ya I Shot the Sheriff. Tione bwino apa. Khotilo silinanene kuti Skinner ndi wosalakwa. Linangoti mlandu uzengedwenso ndi umboni weniweni. Wowomberedwayo analumala kwa moyo wake wonse, ndipo nayenso ankafunika chilungamo chimene sichingagwe pa apilo.

Tikudziwa zimene akulu ena a mpingo anganene, ndipo sitikuzipeputsa. Anganene kuti mawu si mphepo. Pa Mateyu 12, Ambuye amaphunzitsa kuti pakamwa pamatulutsa zimene zadzaza mumtima, ndiponso kuti anthu adzayankha pa mawu awo opanda pake. Anganene kuti woimba wa rap amadzitama yekha kuti zimene akuimba ndi moyo wake weniweni, ndiye bwanji akudandaula anthu akamukhulupirira? Anganenenso kuti ku Chicago ndi ku London kuli nyimbo za drill zimene zimanyoza anyamata ophedwa powatchula maina, ndipo amayi a anyamatawo amazimva pa mafoni a ana a m'dera lawo. Zonsezi n'zoona. Oimba ena anapalamuladi. Young Thug, amene woweruza wa ku Atlanta analola mu Novembala 2023 kuti mawu a nyimbo zake agwiritsidwe ntchito pa mlandu wake, anavomera milandu ina mu Okutobala 2024. Filimu ya Harper ili ndi mbali yake, ndipo mbaliyo ndi ya oimba. Woonera ayenera kudzikumbutsa yekha kuti ku Slidell kuli banja limene linaika maliro a mwana wa zaka 19.

Koma tikayang'anitsitsa, Mateyu 12 akunena za tsiku la chiweruzo ndi za Woweruza amene amaona mumtima. Jury ya ku Louisiana siona mumtima. N'chifukwa chake chilamulo chomwecho chimene timachilemekeza chinaika mpanda kuzungulira makhoti a anthu: pa Deuteronomo 19 munthu satsutsidwa ndi mboni imodzi, ndipo oweruza amalamulidwa kufufuza mosamala ngati mboniyo ikunama. Funso la khoti ndi lopapatiza. Silifunsa ngati mnyamatayu ali ndi pakamwa ponyansa, kapena ngati tingamulole kukwatira mlongo wathu. Limafunsa ngati iyeyu, tsiku lakuti, pamalo akuti, anakoka mfuti. Nyimbo yonyansa imayankha funso loyamba lija mokweza kwambiri mwakuti anthu amaiwala kuti lachiwiri silinayankhidwe. Ndipo banja la womwalirayo silipindula kanthu ngati amene watsekeredwa ndi wolemba nyimbo pamene wowombera akuyenda mumsewu.

Ife Akhristu tinayenera kukhala oyamba kuchita mantha ndi njira imeneyi, chifukwa timaiwerenga chaka ndi chaka. Pa Yohane 2, Yesu analankhula za kugwetsedwa ndi kuutsidwa kwa kachisi m'masiku atatu, ndipo mlembiyo amafotokoza kuti ankanena za thupi lake. Pa Marko 14, mboni zabodza zinabweretsa mawu omwewo pabwalo la akulu, zitawapotoza pang'ono kuti Yesu amveke ngati akuopseza kugwetsa nyumba ya Mulungu ndi manja ake. Fanizo linasanduka chiopsezo, ndipo chiopsezo chinasanduka mlandu. Sitikufanizira Mac ndi Mpulumutsi, tisamvane molakwa. Tikufanizira loya ndi mboni zija, chifukwa ntchito ya manja awo ndi imodzi. Komanso wapolisi atapeza Salimo 109 kapena mathero a Salimo 137 m'kope la mnyamata wa ku Chicago, popanda dzina la buku pamwamba, angawerenge ngati pemphero la munthu wosweka mtima?

Mbiri ya mpingo wathu nayo ili ndi chotiuza. Mu 1895, ku Graysville m'boma la Tennessee, Aadiventisti anamangidwa chifukwa chogwira ntchito Lamlungu, ena mwa iwo aphunzitsi a sukulu ya mpingo. Anansi awo ankawaona ngati anthu achilendo ndi osokoneza, ndipo khoti likadzaza ndi anansi oterowo mlandu umakhala utatha usanayambe. Kuyambira nthawi imeneyo mpingo wakhala ukuteteza ufulu wa chikumbumtima ngakhale wa anthu amene sitigwirizana nawo chiphunzitso. Chaona mnzako chapita, mawa chili pa iwe. Kuno kwathu tilinso ndi Jack Mapanje, mlakatuli amene anatsekeredwa ku Mikuyu kuchokera mu 1987 mpaka 1991 osazengedwa mlandu, buku lake la Of Chameleons and Gods litachotsedwa kale m'masitolo. Nkhani yake inali ya ndale, yosiyana ndi ya Mac, koma imatikumbutsa kuti boma likayamba kuwerenga ndakatulo ngati fayilo ya mlandu, siliyima pa oimba amene ife timadana nawo okha.

Pali kusiyana kwina kumene anthu amakusokoneza kawirikawiri. Mu Januwale 2018 woimba wina wa hip-hop kuno ku Malawi anamangidwa chifukwa cha nyimbo yoopseza mkazi kuti adzamugwiririra, ndipo nyimboyo inaletsedwa. Ambiri a ife tinaona kuti nyimboyo inali yoipa ndithu, ndipo amayi amene anadzudzula anali ndi chifukwa chomveka. Koma pamenepo nyimboyo ndiyo inali pa mlandu, monga nyimbo. Munthu akhoza kutsutsana za malire a ufulu wolankhula, koma palibe amene anatenga nyimboyo n'kunena kuti ndi umboni wakuti woimbayo ndiye anagwiririra mtsikana wakuti wa kwakuti. Zimene filimu ya Harper ikudandaula ndi zachiwirizi: kugwiritsa ntchito nyimbo ngati chigamba chotsekera dzenje pamene umboni wa mlandu wina ukuperewera.

Maboma ena a ku America ayamba kukonza. Mu Seputembala 2022 California inakhazikitsa lamulo lakuti woweruza aziyamba waunika yekha, jury isanamve, ngati nyimbo kapena ntchito ina ya luso ikuyenera kulowa ngati umboni. Lamuloli limati mawu oterewa asatengedwe ngati nkhani yeniyeni pokhapokha ngati analembedwa pafupi ndi nthawi ya mlanduwo, kapena akufanana kwambiri ndi zimene zinachitika, kapena ali ndi tsatanetsatane amene anthu wamba sakanamudziwa. Louisiana, kwawo kwa Mac, inatsatira ndi lamulo lake mu 2023. Palibe amene wanena kuti nyimbo isalowe m'khoti ngakhale pang'ono. Munthu akaimba dzina la wophedwa ndi malo amene anabisa mfuti, ndipo mfutiyo n'kupezekadi pamenepo, umenewo ndi umboni. Chimene chaletsedwa ndi ulesi.

Tsono zimenezi zikutikhudza bwanji ife, amene ambiri sitidzalowa m'khoti la ku America? Zikutikhudza chifukwa wapolisi woyamba amene mnyamata wolemba rap amakumana naye ndi mphunzitsi. Posachedwapa tikhala tikupita kukayeserera kuphunzitsa, ndipo m'kalasi iliyonse ya sekondale, ngakhale ya mpingo, muli mnyamata wokhala kumbuyo amene masamba otsiriza a kope lake la Bayoloje ndi odzaza ndi mizere ya nyimbo. Tsiku lina mphunzitsi wa pa dyute adzalilanda kopelo pa nthawi ya sitade. Mudzakhala mfuti, mudzakhala ndalama zamilumilu, mudzakhala adani osatchulidwa maina amene akulonjezedwa manda. Sabata yomweyo foni ya munthu idzasowa ku hositelo, kapena zenera la laibulale lidzasweka. Tonse tikudziwa dzina limene lidzayambe kutchulidwa mu sitafu rumu, ndipo tikudziwa kuti kope lija lidzaikidwa patebulo pamaso pa komiti ya mwambo, makolo ataitanidwa. Sipadzakhala loya kapena apilo. Padzakhala kalata yomuimitsa sukulu, mwina miyezi iwiri mayeso a MSCE asanayambe.

Sukulu ili ndi ufulu wonse woletsa nyimbo zotukwana pa malo ake, ndipo ya mpingo ili ndi udindo wotero. Ngati lamulo la sukulu likuletsa kulemba zolaula, mwanayo alangidwe pa zolaulazo, chilango cholingana nazo. Chimene sitiyenera kuchita ndi kumusenzetsa foni yosowa chifukwa cha mizere ya m'kope. Mafunso atatu a ku California aja akukwana bwino pa tebulo la ahedi. Analemba liti? Zikufanana ndi zimene zachitika? Muli kanthu kamene wakuba yekha ndiye angakadziwe? Ngati yankho ndi ayi katatu, kopelo lichoke patebulo ndipo tifufuze foniyo monga mmene tikanachitira akanakhala kuti woganiziridwa ndi tcheyamani wa kwaya.

Mbali inayo nayo tisaibise. Ngati m'kopemo mwatchulidwa mtsikana wa Fomu 2 ndi dzina lake, ndi njira imene amadzera popita ku mjigo, imeneyo si ndakatulonso. Tikauze ahedi ndi matroni tsiku lomwelo, tisadikire kuti kuche. Ngati mizereyo ikunena za kudzipha, kapena za kumenyedwa kunyumba, tikhale pansi ndi mwanayo dzuwa lisanalowe. Kuwerenga bwino sikutanthauza kulekerera chilichonse. Mphunzitsi amene amatha kusiyanitsa voko ndi chiopsezo ndiye amene angazindikire chiopsezo chenicheni chikafika, pamene mnzake woopa mzere uliwonse amatopa n'kuyamba kuponya makope onse m'kabati imodzi osawerenga.

Koma makope ambiri sadzakhala otero. Adzakhala a mwana wa zaka 16 amene wapeza kuti mawu akhoza kugundana kumapeto kwa mzere, ndipo akutengera zimene wamva pa foni ya mkulu wake chifukwa palibe wamuonetsa zina. Mwana ameneyu akuwerenga maphatikizo a mawu popanda womutuma, chinthu chimene timavutika kuti kalasi yonse ichite pa phunziro la ndakatulo. Kope lake libwerere Lolemba lili ndi inki yofiira m'mbali. Mawu otukwana tiwadule, timuuze chifukwa chake maso ndi maso. Pamene kamvekedwe kagwa tisonyeze. Ndipo pansi pake tilembe funso limene timafunsa pa ndakatulo iliyonse, lakuti akuyankhula ndani, tiwonjezere lina lofuna kudziwa kumene anaiona mfuti imene waitchula kasanu ndi kawiri, popeza kwawo kumudzi ngakhale legeni amachita kubwereka.